Kaphukusi ka Apongozi mu Injini

Wara anasanzanso Lachiwiri m'mawa, galimoto isanafike n'komwe pamphambano ya ku Ceja. Mayi ake, Noemí, anatchingira ndi ngodya ya mbereko, koma mkaka wina unalowa m'dzanja la juzi lake n'kuyenderera mpaka pachigongono. Aka kanali kachinayi m'masiku khumi. Ankawerenga. Ankadziwanso kuti kunyumba mwanayo sasanza, kumsika komwe iye amagulitsa masokosi ndi zipewa zoluka sasanza. Amangosanza m'takisi ya bambo ake, kenako n'kugona tulo tolemera, khosi lili lende, tulo tosayenera mwana wa chaka ndi miyezi inayi.

Limbert, mwamuna wake, anasuzumira pagalasi n'kunena kuti mwanayo akukhutitsidwa kwambiri. Ulendo wapitawo anati ndi mano. Ulendo winawo anati ndi msewu.

Koma galimotoyo inkanunkha, ndipo Noemí anayamba kumva fungolo Isitala itangodutsa. Pamwamba panali fungo la petulo wosapsa, loyabwa kukhosi. Pansi pake panali kena, kafungo kotsekemera koma koola, konga ka nyama yoiwalika m'jumbo. Limbert anapachika timitengo titatu tonunkhiritsa pagalasi, ndipo zonse pamodzi zinkangomveka ngati chimbudzi cha kudepoti chothiridwa perefyumu. Chisanu chitayamba kuluma, mawindo anatsekedwa, chotenthetsera chinayatsidwa, fungo lija linapeza pokhala.

Panalinso kanyali. Kachikasu, kooneka ngati injini, kuseri kwa chiwongolero. Katayaka koyamba, mnzake wa Limbert anakazimitsa ndi foni, n'kumuuza kuti vuto ndi sensa ya ku paipi ya utsi. Patapita masiku awiri kanayakanso. Lamlungu lotsatira Limbert anapita kumsika waukulu, n'kukasankha sensa pamulu wa zitsulo zakale zoyalidwa pa lona, n'kudzaimanga yekha panja pa geti, atagona chagada pa katoni. Kanyaliko kanayakanso asanachoke mu msewu wawo. Ndiye anatenga kachithunzi komata ka Namwali Mariya n'kukamata pamwamba pake. M'mawa kusanayere bwino, kuwala kuja kunkadutsa papepalapo, nkhope ya Namwali n'kumaoneka ngati ya munthu wodwala chikasu. Noemí akaiona ankatembenuza maso.

Lachitatu anapita ndi mwana kuchipatala chaching'ono cha m'dera lawo. Namwino anamuyeza, anamumvetsera pachifuwa, sanapeze malungo kapena kutsegula m'mimba. Kenako anafunsa ngati amaphika ndi makala m'nyumba yotseka, kapena ngati mwanayo amakhala pamalo pena pautsi. Noemí anati ayi, samaphika ndi makala. Funso lachiwirilo analitenga n'kupita nalo kunyumba.

Loweruka kunali ulendo. Wara ankayenera kukametedwa tsitsi koyamba kumudzi kwa abambo ake, ulendo wa maola anayi m'chipululu chamkuntho momwe munthu sungatsegule windo. Doña Basilia, mayi ake a Limbert, anali atagula kale nkhosa, ataitana kale abale, atasankha kale yemwe adzayambe kugwira sizasi. Noemí atawatchulira za fungo, iwo anangopitiriza kusenda mbatata. Anati galimotoyo anaidyetsa zansembe okha ndi manja awo pa Lachiwiri la nsembe, kumapeto kwa chikondwerero cha kanivala, ndipo galimoto yodyetsedwa singalume mwana wa pakhomo. Anawonjeza kuti mkazi wamantha mkaka wake umasasa.

Maola anayi. Noemí ankati akaganiza, ankaona khosi la Wara lili lende kuyambira kwawo ku Río Seco mpaka kumudzi, iye akumugwedeza, aliyense akumuuza kuti amusiye mwana agone.

Lachinayi m'mawa Limbert anasakasaka makiyi patebulo, m'thumba la jekete, pansi pa pilo. Noemí anali atakhala pabedi, mwana ali kumsana, makiyi ali m'kamisolo.

"Galimoto ipite kugalaja kwa Maestro Zenón lero," anatero. "Apo ayi, Loweruka mukamete nkhosa yanuyo. Wara sakwera."

Limbert anayamba ndi kuseka, kenako anakalipa, kenako anadandaula za tsiku lathunthu la ntchito. Anati makaniko onse ndi amodzi, ukapita ndi chifuwa amakuchotsa chiwindi. Noemí anapinda manja n'kudikira. Dzuwa litafika pakhoma la neba, Limbert anatambasula dzanja, n'kunena kuti chabwino, koma akapanda kupeza kanthu asadzamvenso liwu la fungo m'nyumba muno. Noemí anamupatsa makiyi, koma iye ndi mwana anakwera minibasi, n'kukakumana naye kugalaja.

Maestro Zenón anali bambo wamfupi wa imvi, tsaya limodzi lotupa ndi masamba a koka omwe ankatafuna. Analowetsa mutu m'galimoto, ananunkhiza kamodzi, n'kuutulutsa msanga. Kenako anaona kachithunzi kaja.

"Amayi athuwa mwawalemba ntchito yaulonda?" anafunsa. "Ndiye mumawalipira zingati, mnyamata wanga?"

Limbert anati kanali kongokongoletsa. Maestro anakamatula bwinobwino ndi chikhadabo, n'kukapereka kwa Noemí kuti asunge. Anatenga kamakina konga foni yaikulu, analumikiza chingwe chake pansi pa chiwongolero, anapotoza kiyi. Pagalasi la kamakinako panatuluka P0134. Limbert anafulumira kunena kuti nambala imeneyo akuidziwa, ndi ya sensa, ndipo sensayo anasintha kale, kutanthauza kuti kompyuta ya galimotoyo ndi yabodza basi.

Maestro anamusiya Limbert n'kufotokozera Noemí, mwina chifukwa ndi amene ankayang'anitsitsa. Anati sensayo imakhala pa paipi ya utsi, ntchito yake ndi kununkhiza utsi wotuluka mu injini n'kuuza kompyuta ngati petulo wachuluka kapena wachepa. Kompyuta ikasiya kumva mawu ake, imangothira petulo mwachimbulimbuli, ngati woperekera mowa paukwati ataledzera, ndiye utsi umada, umanunkha, mafuta amatha msanga.

"Koma taonani, mayi. Nambalayi sinanene kuti sensa yafa. Yanena kuti sikumveka. Munthu akapanda kuyankha foni, simuthamangira kukagula bokosi. Mumayamba mwaona ngati waya uli bwino."

Analiza injini, anaisiya itenthe, n'kumuonetsa mzere pa kamakina kaja. Anati mzerewo umayenera kuvina, kukwera ndi kutsika. Unali chigonere, wowongoka ngati ulusi.

Atatsegula boneti, Noemí anabwerera m'mbuyo. Injini yonse inali yomata, yofiirira ndi mowa wouma, fumbi litakakamira pamenepo ngati nkhanambo. M'timakona munali tizidutswa ta mapepala amitundumitundu a pa kanivala. Noemí anakumbukira tsikulo: galimoto itavekedwa maluwa ndi mabaluni, makombola akuphulika mu msewu monse, apongozi ake akukhutchumula botolo n'kupopera thovu pa matayala, pa magalasi, mu injini, akumwaza maswiti oyera ndi apinki mmanja modzaza. Anakumbukiranso kuti pamapeto anawerama nthawi yaitali, mkono utalowa mpaka paphewa kuseri kwa injini, milomo ikuyenda. Tsiku limenelo iye anaombera nawo m'manja.

Maestro anawalitsa tochi pa paipi ya utsi. Sensa ija inali itakhala mopendekeka, ndipo mozungulira pake munali mwaye wakuda bii. Anauza Noemí kuti ayandikize dzanja, asakhudze. Anamva kampweya kotentha kakumumenya pachikhatho, fu fu fu, motsatana ndi kulira kwa injini.

"Anamanga apa ndani?"

Limbert ankayang'ana galu yemwe anagona pamulu wa matayala.

"Ndikufunsa kuti ndikamupatse moni. Wailowetsa mokhota, wadya mazinga, utsi ukuthawira pompano m'malo mopita kumbuyo. Ameneyu asamamupatse ngakhale botolo la mwana kuti atseke."

Anazimitsa injini. Anagwira waya wa sensa ndi zala ziwiri n'kuyamba kuutsatira, pang'onopang'ono, kulowera kuseri, komwe injini imayandikana ndi khoma lachitsulo lolekanitsa iyo ndi anthu okhala mkati. Mkono unalowa mpaka pachigongono. Kenako nkhope yake inasintha. Anatulutsa dzanja, analinunkhiza, analavula koka yense pansi, n'kupita kukavala magolovesi ndi kutenga beseni lakale.

Choyamba chinatuluka chinali chimpira cha mapepala a kanivala, chonyowa, chosakanizika ndi ubweya ndi timanyi takuda tonga mpunga. Kenako maswiti ong'ung'udidwa. Kenako kaphukusi komangidwa ndi ulusi wofiira ndi wobiriwira, kong'ambika mbali imodzi, mafuta a chiweto chotchedwa lama akuchucha m'menemo, achikasu, atasungunuka ndi kuuma kambirimbiri. Fungo linatuluka nthawi imodzi, lathunthu, lija Noemí ankalimva pang'onopang'ono kwa masabata, ndipo anazindikira kuti nthawi yonseyi ankalipuma, iye ndi mwana wake, ankadyera mabanzi m'menemo.

Maestro analowetsanso dzanja, n'kutulutsa khoswe atamugwira mchira. Anali wamkulu, wotupa mimba, mbali imodzi yopsa ndi paipi, ubweya ukupululuka wokha. Pambuyo pake panatuluka tiana tinayi, topanda ubweya, touma ngati zala za munthu wokalamba. Chilichonse chinkagwera m'beseni ndi kaphokoso kofewa.

Limbert anati, "Mayo ine," n'kutseka mphuno ndi chipewa.

Noemí akanatha kupirira zonsezo. Chomwe chinamugonjetsa chinali chomaliza. Maestro anasolola kanthu kena m'chisamo, anakakutumula, n'kukaika pambali pa beseni. Kanali kasokosi kobiriwira ka mizere yoyera. Noemí anakaluka yekha. Kanasowa mwezi wapitawo, ndipo anakasaka pansi pa mipando mpaka kutopa, Limbert akumunena kuti ndi wotayirira. Chidendene chake chinali chitadyedwa.

Anathamangira kungalande ya kumsewu, mwana ali kumsana, n'kusanza tiyi yense wam'mawa. Wara anadzuka n'kuyamba kumumenya paphewa ndi kadzanja kake, akuseka. Noemí anakhala chiweramire. Ankaganiza za mabisiketi omwe mwanayo ankagwetsa pampando n'kutolanso, za kachidole ka labala komwe kankagona m'galimoto masiku onse, m'mawa n'kupita mkamwa. Anasanzanso, ngakhale munalibenso kanthu.

Atabwerera, Maestro anamuonetsa njira yomwe kasokosi kanadzera. Pakhoma lachitsulo lija panali bowo lodutsa mawaya, lomwe limatsekedwa ndi labala. Makoswe anali atadya labala yense, n'kusiya khomo loti zala zitatu zikhoza kulowa, moyang'anana ndi pomwe utsi unkathawira. Anamuonetsanso waya wa sensa, wodukaduka pamalo awiri, mkuwa uli pamtunda, timano tikuoneka. Anati sensa yoyamba ija iyenera kuti inalibe mlandu uliwonse. Limbert anavomera motsitsa mawu kuti anaiponya padenga la neba.

Ntchito yokonza inatenga m'mawa wonse, ndipo Noemí sanachoke. Anakhala pa tayala, patali ndi beseni, akuyang'ana chilichonse. Maestro anadula mbali yodyedwa ya waya, analumikiza wina watsopano, anawotcherera ndi mtovu, anakutira, n'kuulowetsa m'kapaipi kolimba. Anamasula sensa, anakonza mazinga a bowo lake ndi chitsulo chopotera, anaibwezera mowongoka, poyamba ndi zala, sipanala pamapeto. Bowo la pakhoma analitseka ndi labala watsopano. Kenako anapatsa Limbert ndowa, sopo ndi burashi, n'kumuuza kuti mwini maliro ndiye amasambitsa.

Injini italira, Noemí anaika dzanja pomwe paja osauzidwa. Panalibe kampweya. Pa kamakina mzere unakhala chigonere kwa kanthawi, kenako unanyamuka, unatsika, unanyamukanso.

"Wayamba kuvina," anatero Maestro. "Tsopano ndiye tifufute nambala ija. Kufufuta n'komaliza, mnyamata wanga. Inu mumayambira komwe anzanu amathera."

Anazungulira nayo galimoto mpaka kumsewu waukulu n'kubwerera, kanyali kali zii. Akusamba m'manja Maestro anawauza kuti chaka chilichonse kanivala akadutsa amalandira magalimoto otere, asanu kapena asanu ndi imodzi. Anati iyenso amathira nsembe, galaja yakeyo imadya Lachiwiri lomwelo, koma amathira pansi, pafupi ndi matayala, chifukwa Mayi Nthaka amakhala pansi. Mu injini mumakhala kutentha, ndipo ukaikamo mafuta ndi shuga ndiye kuti watsegula malo ogona alendo.

Limbert anakokera mkazi wake pambali n'kumupempha kuti mayi ake asamve. Anati ndi munthu wamkulu, anachita ndi mtima wabwino, zingawapweteke. Noemí anamuyang'ana, manja a mwamunayo akadali ndi thovu lakuda, n'kumva nseru ina yosachokera m'beseni. Anapita kwa Maestro n'kupempha kaphukusi kaja, kasokosi, ndi khoswe wamkuluyo. Maestro anakweza nsidze. Anaika m'majumbo awiri n'kumanga mfundo ziwiri.

Lachisanu lonse Noemí sanapite kumsika. Anatulutsa mipando ya kumbuyo, anakwecha pansi ndi madzi otentha katatu, anataya kachidole ka labala ndi timitengo tonunkhiritsa tija. Jumbo analiika kuseri kwa thanki ya madzi, n'kuvundikira ndi ndowa, mwala pamwamba. Madzulo anauza Limbert kuti awayendetse, iye ndi mwana, mpaka ku Ceja ndi kubwerera, mawindo otseka. Wara anaimba njira yonse nyimbo yake ya mawu awiri. Sanasanze. Sanagone.

Loweruka m'mawa Doña Basilia anafika atavala siketi yawo yapaphwando ndi chipewa chatsopano, mtolo uli kumsana. Anali atamva kuti galimoto inagwiridwa ndi manja achilendo, ndipo anati singayende ulendo wautali isanadyetsedwenso. Anatulutsa botolo la mowa, kajumbo ka maswiti, ndi kaphukusi katsopano ka ulusi wofiira ndi wobiriwira.

"Tsegula kutsogoloku, mwana wanga."

Limbert anayang'ana mkazi wake, anayang'ana mayi ake, ndipo dzanja lake linayamba kutsikira pa kachitsulo kotsegulira boneti. Noemí anaona dzanjalo. Anapita kuseri kwa thanki, n'kubwera ndi jumbo lija ataligwira ndi zala ziwiri. Analiika pansi patsogolo pa apongozi ake.

"Amayi, chakudya chija munaika chinadyedwa. Amene anadya ali umu. Muwaone kaye musanawaphikire china."

Doña Basilia anamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kufunsa ngati masiku ano atsikana a kusekondale amaphunzitsidwa kulankhula chonchi. Komabe ananjuta n'kumasula mfundo, yoyamba, yachiwiri. Fungo linawapeza asanaone. Anabweza mutu, koma sanatseke jumbolo. Anatola kamtengo n'kutembenuza khoswe, anatembenuza kaphukusi kawo, ulusi wawo womwe. Kamtengo kanakola kasokosi n'kukakweza m'mwamba. Anakayang'ana nthawi yaitali. Kenako anayang'ana mapazi a Wara, olendewera m'mbereko, atavala tina tofiira.

Noemí anafuna kufotokoza za waya, za bowo, za utsi, zonse anali ataziyeseza mumtima. Koma anangoti, "Kanali m'chisa. Ankalowa mpaka pomwe amakhala mwana."

Mayiwo anamanga jumbo, anapatsa Limbert osamuyang'ana, n'kumuuza kuti akataye kutali, ndipo asambe m'manja ndi sopo, osati kungonyowetsa ngati mmene amachitira. Anatsegula botolo ndi mano. Anazungulira galimoto akuthira mowa pansi, pafupi ndi tayala lililonse, milomo ikuyenda. Kaphukusi katsopano anakakwirira pakona ya mpanda, akufukula dothi ndi kamtengo komwe kaja. Kwa Noemí anangonena kuti mwana wamuveka mopepuka.

Atakwera, Noemí anamata kachithunzi ka Namwali pamwamba pa galasi, kutali ndi nyali zonse. Anakhala kumbuyo, pakati, pomwe ankatha kuona kuseri kwa chiwongolero. Apongozi anakhala kutsogolo, mtolo pamiyendo.

Asanatuluke mu Río Seco, Noemí anaona dzanja lawo likutuluka pansi pa shawelo, mwakachetechete, n'kuika maswiti atatu m'kabowo ka pafupi ndi giya. Awiri oyera, imodzi yapinki. Dzanja linabwerera. Chipewa sichinatembenuke.

Noemí anadikira mpaka adutse mabampu. Kenako anatambasula mkono pakati pa mipando, anatola onse atatu, n'kuwaponya mkamwa. Anali ouma, otsekemera mopitirira, ndipo ankamukumbutsa beseni lija. Anatafuna mokweza, kuti amveke kutsogolo, n'kumeza mokakamiza. Limbert anakweza wailesi. Wara anali maso, akukoka ndolo ya mayi ake, ndipo Noemí anamusiya akoke, mphuno ili tcheru, maso ali pomwe pankayaka kanyali.